Bokosi la Tiyi, Chitoliro ndi Banjo: Kukwera, Kubalalika ndi Kukumananso kwa Gulu la Abale a Kachamba

Aliyense amene anaona ntchito ya m'mafakitale a tiyi ku Thyolo m'zaka za m'ma 1950 ndi 1960 adzakumbukira mabokosi aja a matabwa opyapyala, okhomedwa timalata m'ngodya zake, okhala ndi pepala lonyezimira m'kati mwake lotchinjiriza tiyi ku chinyezi. M'mabokosi amenewo ndimo tiyi wa ku Satemwa, wa kwa Conforzi, wa ku Naming'omba ndi wa m'minda ina ankatulukira m'dziko lino. Ambiri a iwo ankakwezedwa sitima ya pamtunda pa Luchenza, naoloka Zambezi pa mlatho wa ku Sena umene unatsegulidwa m'chaka cha 1935, nafika pa doko la Beira, ndipo kuchokera pamenepo ankayenda panyanja kunka ku msika waukulu wa tiyi ku London. Tiyi wa ku India ndi wa ku Ceylon nayenso ankayenda m'mabokosi a mtundu womwewo, kotero kuti m'mizinda yambiri ya dziko lapansi mabokosi otha ntchito anali mbwee kuseri kwa masitolo.

Koma bokosi la tiyi silinkathera pamenepo. Anyamata osowa ndalama zogulira zida zoimbira anatulukira kuti akalivundikira pansi, namanga chingwe chimodzi kuchokera pakati pake kufikira kunsonga ya ndodo yoimikidwa m'mphepete mwa bokosilo, chingwecho chimalira mawu aakulu a besi. Ndodo ukaikokera kumbuyo chingwe chimakungika ndipo mawu amakwera. Ukailekerera, mawu amatsika. Chida chimenechi chinalira m'misewu ya Johannesburg. Chinaliranso ku England, kumene mnyamata wina wa ku Liverpool, John Lennon, anali nacho m'gulu lake loyamba la Quarrymen m'chaka cha 1957, dzina la Beatles lisanamveke n'komwe. Ndipo besi ya chingwe chimodzi yotereyi inalira kuno kwathu, m'gulu la abale awiri a m'mudzi mwa Singano ku Chileka, a Daniel ndi a Donald Kachamba.

Tifuna kuika pamaso pa awerengi athu mbiri ya gulu limeneli, mmene linakwerera, mmene linabalalikira, ndi mmene linadzakumaniranso eni ake onse awiri atatsikira kale kuli chete. Pambali pake tiikapo mbiri ya malemu a Alan Namoko a ku Thyolo, pakuti poyerekeza mbiri ziwirizi m'pamene munthu aona bwino chimene chimachititsa kuti gulu lina loimba lidzukenso pamene lina lingotsala m'chikumbumtima cha okalamba.

Nyimbo yochokera kum'mwera

Nyimbo imene abale a Kachamba anatchuka nayo ndi kwela. Inabadwira m'makomboni a Johannesburg, m'manja mwa ana oyendayenda m'misewu amene chida chawo chinali kachitoliro ka chitsulo ka mabowo 6, kotsika mtengo koposa zida zonse za m'sitolo. Dzina lake ndi liwu la Chizulu lofanana ndi liwu lathu lakuti "kwera", ndipo anthu a kumeneko ankatchulanso ndi liwu lomwelo magalimoto a apolisi amene ankatola anthu m'misewu. A Spokes Mashiyane anayamba kujambula nyimbo zotere pa mbale za galamafoni m'chaka cha 1954, ndipo m'chaka cha 1958 nyimbo ya "Tom Hark" ya gulu la Elias and His Zig-Zag Jive Flutes inafika pa nambala 2 pa mndandanda wa nyimbo zogulidwa kwambiri ku Britain.

Njira zimene nyimboyi inadzera pobwera ku Nyasaland ndi njira zomwezo zimene makolo athu ankayendamo pofuna ntchito. Obwerera kuchokera ku migodi ankanyamula galamafoni ndi mbale zake pamodzi ndi njinga ndi majasi. Wailesi ya ku Lusaka, imene inkaulutsira anthu a m'maiko atatu a m'chigawo chino, inkafika m'midzi kudzera m'kawailesi kotsika mtengo kooneka ngati sefuliya, kamene kanayamba kugulitsidwa m'chaka cha 1949. Banja la a Kachamba linali limodzi la mabanja ambiri amene anakakhala ku Salisbury, umene lero ndi mzinda wa Harare, m'nthawi ya Chitaganya. A Daniel, amene anabadwa m'chaka cha 1947, ndi mng'ono wawo a Donald anamva kwela kumeneko akali ana, ndipo pobwerera kwawo kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1960 anabwera nayo m'makutu ndi m'zala.

Apa pali chinthu chimene ambiri sachidziwa. Pamene anyamatawa ankayamba kuimba m'misewu ya Blantyre ndi Limbe, kwela inali itayamba kale kuzilala kwawo kumene inabadwira, pakuti ku Johannesburg chitoliro chinali chitagonja kwa saksofoni ndi magitala a magetsi. Kuno magetsi anali m'nyumba zowerengeka ndipo saksofoni inali ya magulu a asilikali ndi apolisi. Tsono nyimbo imene eni ake anaitaya inapeza mudzi watsopano ku Chileka, nikhala kumeneko zaka zina makumi anayi, ikusintha pang'onopang'ono ndi kutenga kamvekedwe ka kwathu kuno.

Chaka cha 1967

M'chaka cha 1967 kunafika ku Blantyre Mzungu wina wa ku Vienna m'dziko la Austria, a Gerhard Kubik, amene ntchito yawo inali kufufuza nyimbo za mu Africa. Sanali mlendo wamba wongodabwa ndi ng'oma. Anali ataimbapo kale jazi ndi chitoliro chachikulu cha kilaneti kwawo ku Vienna, ndiponso anali ataphunzira kuimba mangolongondo a ku Uganda pansi pa akatswiri a kumeneko. Pamene anamva gulu la anyamata likuimba mumsewu, anazindikira msanga kuti si masewera a ana ayi. Anawajambula mawu ndi zithunzi zoyenda, nakhala nawo masiku ambiri akufunsa ndi kulemba, ndipo m'chaka cha 1974 buku lawo lotchedwa The Kachamba Brothers' Band linasindikizidwa m'Chingerezi ndi bungwe lofufuza za Africa la pa Yunivesite ya Zambia.

Chimene a Kubik anaona n'choyenera kuchifotokoza, pakuti aphunzitsi ambiri amaganiza kuti oimba a mumsewu amangogunda zida mwa mwayi. Woimba kwela saika chitoliro pamilomo mowongoka monga achitira mwana wa sukulu. Amachilowetsa m'kamwa mopendeka, cha kutsaya, kotero kuti m'kamwa monse mumasanduka ngati chipanda chokuzira mawu. Ndipo potembenuza chitolirocho pang'ono, ndi potseka mabowo mwatheka, amatulutsa mawu opindika amene wopanga chidacho ku Ulaya sanawaganizire. Gitala imayenda mozungulira pa magulu atatu kapena anayi a mawu, kubwereza osaleka, besi ikuponda pansi ndi maseche akusunga nthawi, ndipo pamwamba pa kuzungulira kumeneku m'pamene chitoliro chimasewera mwaufulu. A Donald, amene pa nthawiyo anali akali mnyamata wamng'ono, ndiwo anali mwini chitoliro. A Daniel anali mwini gitala ndi mtsogoleri wa gulu. Sankaimba kwela yokha, koma ankaimbanso sinjonjo, simanjemanje ndi lumba, imene ndi rumba ya ku Congo ndi ku East Africa monga inkatchulidwira m'kamwa mwa Amalawi.

Kuyambira m'zaka zoyambirira za m'ma 1970 dzina la Kachamba linayamba kumveka kunja kwa dziko lino. Koma gulu limene a Kubik analimva m'chaka cha 1967 silinakhalitse monga linalili. Abale awiriwa anatenga njira ziwiri.

A Daniel anasanduka woimba payekha, ndipo m'menemo ndimo Amalawi ambiri amawakumbukira, pakuti nyimbo zawo zinkamveka kawirikawiri pa wailesi ya MBC. Anali ndi luso lochititsa gitala imodzi kulira ngati gulu lathunthu, chala chachikulu chikuyendetsa besi pamene chala cha mkombaphala chikuimba nyimbo pamwamba, ndipo ankadziwika ndi dzina la Dokotala. Anamwalira pa 25 Julayi 1987, ali ndi zaka 40 zokha. A Donald anasunga chitoliro, nakhazikitsa gulu lawolawo, ndipo chodabwitsa n'chakuti mmodzi wa oimba ake anali a Kubik omwewo, amene anabwera ngati wofufuza nasanduka wophunzira, akuliza kilaneti pansi pa ulamuliro wa mnyamata wa ku Singano. Gulu limeneli linayenda m'maiko ambiri a mu Africa, ku Ulaya ndi ku America.

Chimene chimabalalitsa magulu athu

Manyuzipepala a ku Ulaya, polemba za kutha kwa gulu loimba, amakonda nkhani za mikangano, nsanje ndi maloya. Ife tiyesa kuti wofuna kumvetsa kutha kwa magulu a kwathu kuno, a chitoliro ndi a banjo omwe, ayambe wawerengera ndalama za m'mbale. Gulu loimba mumsewu kapena pamsika limadya zimene omvera aponya. Ndalama zimenezo, zikagawidwa kwa anthu anayi kapena asanu, zimakwanira anyamata osakwatira amene amagona kwa makolo awo. Sizikwanira munthu wa banja amene afunika kugula feteleza, kulipira sukulu ndi kufolera nyumba. Woimba waluso koposa anzake amaona msanga kuti akaimba yekha mbale yonse ndi yake.

Palinso mwambo wathu wa chikamwini. M'madera ambiri a m'chigawo cha kum'mwera, Thyolo ndi Chileka omwe, mwamuna akakwatira amakamanga kwa mkazi wake. Gulu lopangidwa ndi abale a bere limodzi, kapena ndi anyamata okulira m'bwalo limodzi, limatha kubalalika m'chaka chimodzi popanda wina kukangana ndi mnzake: woimba besi wakwatira kutsidya kwa mtsinje, wa ng'oma wapita mtunda wa tsiku lathunthu, ndipo kuyeserera kwa madzulo kwatha. N'chifukwa chake magulu ambiri otchedwa "Brothers" amakhala ndi moyo wautali pa dzina koma waufupi pa anthu ake.

Ku Thyolo kuli chifukwa china chachitatu, ndicho nyengo ya tiyi. Masamba amaphuka kwambiri m'miyezi ya mvula, kuyambira Disembala kufikira Epulo, ndipo imeneyi ndiyo nthawi imene minda imalemba anthu ochuluka. Ndalama zikakhala m'matumba a otchola tiyi, omvera amakhalapo ndipo mbale imadzaza. Koma nthawi yomweyo ndiyo imene woimba mwini wake ali ndi dengu kumsana kuyambira m'mamawa, ndi munda wake wa chimanga ukumudikira madzulo. Chilimwe chikafika woimba amapeza mpata, koma omvera ake ambiri achotsedwa ntchito ndipo alibe choponya. Gulu loimba la m'dera la minda ya tiyi limakhala pakati pa miyala iwiri imeneyi chaka ndi chaka.

A Namoko a ku Chimvu

Ngakhale zinali tero, Thyolo inatulutsa mmodzi wa oimba aakulu koposa a dziko lino. Kuti timvetse nyimbo zake tiyenera kukumbukira anthu amene anamubala. Kuyambira kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, Alomwe ambiri analowa m'dziko lino kuchokera ku Mozambique pothawa nkhanza za ulamuliro wa Apwitikizi. Anapeza malo abwino a m'mapiri a Shire ali kale m'manja mwa Azungu, ndipo anakhala pa malowo mwa pangano la thangata, ndiko kuti kugwirira ntchito mwini malo m'malo mwa kulipira lendi. Pamene minda ya tiyi inakula, monga wa Satemwa umene a Maclean Kay anayamba m'chaka cha 1923, manja amene anaibzala ndi kuitchola ambiri anali a anthu amenewa. Mkwiyo wa nkhani ya malo unaphulika m'chipolowe cha ku Thyolo cha mu Ogasiti 1953, ndipo thangata inathetsedwa ndi lamulo m'chaka cha 1962, koma kuchepa kwa malo sikunathe nayo.

A Alan Namoko anali mwana wa dera limeneli. Anali osaona. Chida chawo chinali banjo, ndipo gulu lawo linatenga dzina la mtsinje wa kwawo, nilitchedwa Chimvu River Jazz Band. Awerengi achinyamata adziwe kuti liwu lakuti "jazi" pakati pa oimba a kumudzi silinkatanthauza nyimbo ya ku America. Linkatanthauza gulu la zida zosagwiritsa magetsi, zambiri zopanga okha: banjo ya chitini kapena ya chikopa, nsambo za waya wa mabuleki a njinga, ng'oma ya chikopa cha mbuzi yopondedwa ndi phazi, ndi zitsekerero za mabotolo zotungidwa pa waya. A Namoko ankaimba m'Chichewa ndi m'Chilomwe, ndi mawu okakala, olira, amene munthu akawamva kamodzi sawasokoneza ndi a wina. Nkhani za nyimbo zawo zinali za umasiye, umphawi, maukwati ndi miseche ya m'mudzi. M'zaka za m'ma 1970 ndi 1980 panalibe Mmalawi wokhala ndi wailesi amene sanawamve.

Pa liwu lakuti wailesi m'pamene pagona nkhani. MBC, imene inakhazikitsidwa m'chaka cha 1964, inali nyumba yokhayo youlutsa mawu m'dziko lino kwa zaka pafupifupi 30, ndipo inali ngati situdiyo ya fuko lonse. Ntchito yodinda mbale za galamafoni sinazike mizu kuno monga inachitira ku South Africa ndi ku Zambia. Woimba ankajambulidwa pa tepi ya MBC, tepiyo nisungidwa m'nyumba ya MBC, ndipo iye ankabwerera kumudzi ndi kutchuka koma wopanda mbale yogulitsa. Bungwe la COSOMA, lotolera ndalama za eni nyimbo, linayamba ntchito m'chaka cha 1992, zaka zabwino za a Namoko zitapita kale. Wailesi ya kanema inafika m'chaka cha 1999, iwo atamwalira. Kotero Amalawi ambiri amene amadziwa mawu a a Namoko sanaonepo mmene zala zawo zinkayendera pa banjo.

Chimbale chimene chinatengera dzina lawo kunja, Ana Osiidwa, chinatuluka m'chaka cha 1992 mwa khama la Mmalawi mmodzi, Dokotala John Lwanda, sing'anga wa chipatala wokhala ku Scotland, amene anayambitsa kakampani ka nyimbo ka Pamtondo pofuna kuti oimba otere asaiwalike. Patangopita zaka zitatu, m'chaka cha 1995, a Namoko anamwalira. Gulu limene mutu wake, mawu ake ndi mlembi wa nyimbo zake ndi munthu mmodzi limakhala ngati nyumba ya mzati umodzi.

Kukumananso ku Singano

Tibwerere tsono ku Chileka. Gulu la a Kachamba likadatha chimodzimodzi, koma panali zinthu ziwiri zimene zinalisiyanitsa.

Choyamba, a Donald anali mphunzitsi. Sanali mphunzitsi wa satifiketi, koma m'mudzi mwawo ankasonkhanitsa anyamata nawaphunzitsa chitoliro, gitala ndi besi, chida ndi chida, kotero kuti nyimbo sinali m'mutu mwa munthu mmodzi. Mmodzi wa amene anakulira m'gulu lawo, a Moya Aliya Malamusi, anadzakhala wofufuza za chikhalidwe wodziwika kunja, ndipo kumapeto kwa zaka za m'ma 1980 anakhazikitsa ku Singano komweko ntchito yosonkhanitsa nthano, nyimbo ndi zida zamakolo. Luso la a Donald la kuphunzitsa linazindikirika ngakhale kutali: kumapeto kwa chaka cha 1999 anaitanidwa ku yunivesite ya UCLA ku Los Angeles, kumene anaphunzitsa ophunzira a ku America kuimba kwela, ndipo zimene anaimba nawo zinajambulidwa ndi kusindikizidwa. Anamwalira mu Januwale 2001, patangopita chaka chimodzi chibwerere.

Chachiwiri, mawu a gululi anasungidwa kuyambira pachiyambi, ndipo anasungidwa pamodzi ndi mafotokozedwe ake. Matepi a 1967 analembedwa tsiku, malo, maina a oimba ndi makungidwe a nsambo. Zithunzi zoyenda za a Daniel akuimba zinatuluka m'chaka cha 1995 m'kanema wa a Kubik wotchedwa African Guitar, pamodzi ndi za akatswiri ena a gitala a mu Africa, kotero kuti mnyamata wofuna kudziwa mmene Dokotala ankagwirira gitala atha kuona ndi maso ake. Chimbale cha gulu la a Donald, Concert Kwela, chinatuluka ku France m'chaka cha 1994.

A Donald atamwalira, anthu amene anaimbapo nawo pa nthawi zosiyanasiyana anakumananso: a Malamusi, a Kubik, ndi achinyamata amene malemuwo anawaphunzitsa, monga a Sinosi Mlendo. Anatcha gulu lawo Donald Kachamba's Kwela Heritage Jazzband, ndipo m'zaka za m'ma 2000 linaimba kuno ndi ku Ulaya. Ena adzati uku si kukumananso kwenikweni, pakuti m'gululo munalibe a Daniel kapena a Donald. Ife tiona mwina. Abale awiri amene anasiyana njira ali moyo anadzakumana m'manja mwa ophunzira awo, pakuti ophunzirawo anatenga chitoliro kwa mng'ono, ndipo nyimbo za mkulu anali nazo pa tepi. Ndiponso mudzi umene uli ndi chizolowezi chotere sutha oimba. Chileka yomweyo ndiyo inatulutsa a Robert Fumulani ndi gulu lawo la Likhubula River, ndi a Evison Matafale, amene gulu lawo la Black Missionaries silinagwe iwo atamwalira m'chaka cha 2001, chifukwa panali ana a m'banja odziwa kale zida.

Si kuno kokha kumene tepi yakumanitsa osiyana. A Beatles anabalalika m'chaka cha 1970 ndipo John Lennon anaphedwa m'chaka cha 1980, koma m'chaka cha 1995 anzake atatu otsala anatulutsa nyimbo yatsopano poimba pamwamba pa mawu ake amene anatsala pa kaseti ya kunyumba. Pafupi ndi ife, ku Zambia, gulu la WITCH linatchuka m'zaka za m'ma 1970, nilitha m'zaka za m'ma 1980, ndipo ambiri a oimba ake oyamba anamwalira. Woimba wake wamkulu, a Emmanuel "Jagari" Chanda, anakhala mphunzitsi, pambuyo pake nakakumba miyala ya mtengo wapatali. Chimene chinawabwezera pa nsanja n'chakuti mbale zawo zakale zinalipo. Kampani ya ku America ya Now-Again inazisindikizanso pamodzi m'chaka cha 2012, achinyamata a kunja anazimva, ndipo m'chaka cha 2023 gululo linatulutsa chimbale chatsopano, Zango, patapita zaka pafupifupi 40 chitulutsire chomaliza.

Za matepi, sukulu ndi lamulo

Nyimbo ya banjo ndi ya chitoliro ili ndi tsoka lakelake: imagwa pakati. Kwa osunga chikhalidwe ndi yachilendo, pakuti banjo ndi gitala zinabwera ndi sitima. Kwa oulutsa nyimbo zamakono ndi yachikale. Gule wa tchopa wa Alomwe analembedwa ndi bungwe la UNESCO m'chaka cha 2014 pa mndandanda wa chuma cha chikhalidwe cha anthu onse, ndipo anayeneradi ulemu umenewo. Koma mbiri ya munthu wa pa esiteti, wa dengu kumsana ndi malipiro a pa mwezi, wokhala pa kachigunda ka malo pakati pa minda ya eni ake, inalembedwa kwambiri m'nyimbo za magulu a jazi a kumudzi koposa m'magule a makolo. Wofuna kudziwa mmene Thyolo inkadzimvera m'chaka cha 1980 apeza zambiri pomvera a Namoko koposa powerenga malipoti a m'maofesi.

Inu aphunzitsi a m'sukulu za ku Bvumbwe, ku Luchenza, ku Makwasa ndi kwina, phunziro la Expressive Arts lili kale pa ndandanda wanu, ndipo kupanga zida zoimbira ndi mbali ya phunzirolo. Bokosi la matabwa lija linalowedwa m'malo ndi matumba a pepala, ndipo msika wa tiyi wa ku London unatsekedwa m'chaka cha 1998, koma chigubu, ndodo ndi waya zilipo m'mudzi uliwonse. Chosowa kwambiri ndi munthu wodziwa kukunga nsambo monga ankakungira akale. Mnyamata amene anali ndi zaka 20 akuimba ng'oma kapena besi m'gulu la jazi m'chaka cha 1980 lero wapitirira zaka 60. Anthu otere sadzabwera okha ku sukulu, pakuti sadziyesa aphunzitsi. Afunika kuitanidwa ndi ahedi, ndi kufunsidwa maina a anzawo, malo amene ankaimbira, ndi makungidwe a zida zawo, zonsezo zilembedwe ndi tsiku lake monga anachitira a Kubik. Foni ya m'manja ya lero imajambula mawu ndi zithunzi bwino koposa makina olemera amene ofufuza ankasenza m'chaka cha 1967.

Kwa ogwira ntchito m'Boma, nkhani ndi ya matepi. Tepi ya mtundu wakale siikhala mpaka muyaya: chinyezi chimaimata, kutentha kumaiphwanya, ndipo makina oiwerengera akusowa chaka ndi chaka. Kusamutsira mawu ake pa kompyuta ndi theka la ntchito chabe. Theka lina ndi kaundula wonena kuti nyimbo iyi anaimba ndani, liti, kuti, ndipo ndani anali pa chida chiti, pakuti popanda kaundula wotere palibe njira yopezera olowa m'malo a woimba, ndipo ndalama za nyimbo zake sizingafike kumudzi. Lamulo la umwini wa zopekapeka la m'chaka cha 2016, monga linalili la 1989 limene linalowedwa m'malo, limateteza nyimbo pa moyo wonse wa mwini wake ndi zaka zina 50 iye atamwalira. Mwa kuwerengera kumeneku nyimbo za a Daniel Kachamba ndi chuma cha banja lawo kufikira chaka cha 2037, za a Alan Namoko kufikira 2045, ndipo za a Donald Kachamba kufikira 2051.